Sopo wobedwa pa malire a Milange

Pa malire a Muloza ndi Milange katundu sagona tulo. Kusanache, njinga zakapalasa zimakhala zili kale pamsewu kuchokera ku Mozambique, iliyonse itasenza matumba a chimanga, nandolo kapena nyemba, mwini wake akukankha thukuta lili kamukamu. Pobwerera zimanyamula shuga, sopo, ziwiya zapulasitiki ndi chilichonse chimene chatsika mtengo tsidya lino sabata imeneyo. Kuno kuli phiri la Mulanje, uko kuli phiri la Tumbine, ndipo pakati pali mtsinje wa Muloza umene anthu ambiri amangowoloka pa madooko awo osaonetsa chitupa kwa wina aliyense. Wogulitsa wa pa msika wa Limbuli ndi wa m'tauni ya Milange amamvana m'Chichewa kapena m'Chilomwe, kwacha ndi metikali n'kumagonera m'thumba limodzi.

Malonda onsewa amayenda chifukwa chokhulupirirana. Wopikula chimanga amasenzetsa mnyamata wanjinga matumba ake, iye n'kutsogola kukadikira tsidya lina, osadziwa n'komwe mudzi umene mnyamatayo amachokera. Mwini golosale ali ndi kope la ngongole lodzaza maina a anthu a maiko awiri, ndipo ambiri a iwo atakana kubweza, palibe khoti limene angakawasumire. Pamalo potere, munthu akalowetsa sopo m'chitenje osalipira, chimene waononga n'chachikulu kuposa sopoyo.

Mayi anga aang'ono anakwatiwa ku Milange nkhondo itatha, ndipo akhala ndi kagolosale pafupi ndi msika kwa zaka zambiri. Nthawi ya tchuthi ndinkawathandiza pa kauntala, ndipo ndi iwo amene anandiphunzitsa masamu a mpamba. Ukaoda katoni ya sopo, ndalama za sopo woyambirira yense ndi za mwini holoselo, za thiransipoti ndi za chiphaso cha msika. Phindu lako lili pa awiri kapena atatu otsalira pansi pa katoni. Wina akasolola mmodzi, ndiye kuti masiku onse amene unakhala padzuwa kuitanira malonda unkagwirira ntchito iyeyo. M'masitolo akuluakulu a mu Blantyre muli makamera, pakhomo pali mlonda woona lisiti, ndipo zotayika amaziwerengeratu poika mitengo. Wa okala ku Milange ali ndi maso awiri basi, ndipo masowo ayenera kuona chenji, sikelo, mwana wake kumbuyo ndi manja a makasitomala asanu nthawi imodzi.

Nthawi zambiri wolira kwambiri sakhala mwini sitolo. Ndi mtsikana wolembedwa ntchito yogulitsa, amene amachokera kumudzi, malipiro ake osakwana n'komwe thumba la chimanga. Mwezi ukatha abwana amawerenga katundu, n'kupeza kuti zina zasowa. Wakubayo anapita kalekale, sakudziwika. Amene alipo ndi mtsikanayo. Amamudula malipiro, ndipo choipitsitsa amayamba kumuyang'ana m'chikwama akamaweruka. Akafuna kumupereka kupolisi, lamulo la ku Malawi limamulemera kuposa wakuba wongodutsa, pakuti gawo 286 la malamulo a milandu limati wantchito wobera bwana wake angathe kukhala kundende mpaka zaka 14. Ndaona atsikana okhulupirika akuchoka pa ntchito ndi manyazi a kuba kwa munthu amene sanamuonepo nkhope. Aliyense wonena kuti kuba m'sitolo sikupweteka munthu ayambe wacheza ndi mmodzi wa atsikana amenewa.

Tsiku lina la msika kunabwera mnyamata wa zaka ngati 12, atavala malaya a yunifolomu ya sukulu ya tsidya la Malawi, kolala itatha. Anafunsa mtengo wa machesi. Mayi aang'ono atatembenuka kuti atenge, iye anatola sopo wosambira amene anali pamphepete pa kauntala n'kumulowetsa m'kabudula. Ife sitinaone. Anaona ndi bambo wogulitsa matayala a njinga pafupi nafe, ndipo anakuwa kamodzi kokha kuti, "Wakuba!"

Anthu anafika msanga kuposa mmene ndinkaganizira kuti msika ungasonkhanire. Mnyamatayo sanathamange n'komwe masitepe khumi. Wina anamupinga mwendo, nkhwaira imodzi n'kutsala pafumbi. Sopo uja anagwa, pepala lake lisanang'ambike. Mayi wina amene anali atangofika, dengu la tomato lili pamutu, anamuwomba khofi kenako n'kufunsa anzake kuti, "Waba chiyani kodi?" Mnyamata wina wakabaza anali atazula kale mpini pa khasu logulitsa. Ndiye bambo wina anamugwira pakhosi n'kumufunsa kuti, "Kwanu n'kuti iwe?" Mwanayo anatchula mudzi wa tsidya la Muloza, mawu akunjenjemera. Pomwepo phokoso linasintha. "A ku Malawi awa atitopetsa! Lero lafote lakwana!"

Mawu omwewa ndinawamvapo pa Limbuli, atangotembenuzidwa: "A ku Mozambique awa ndi mbava." Funso loti kwanu n'kuti pa nthawi ngati imeneyi limafunsidwa pofuna kudziwa ngati pali wina amene adzabwere kudzafunsa za magazi ake. Mwana wa pamudzi pomwepo amamenyedwa mosamala, chifukwa amalume ake amadziwika ndipo mawa mudzakumana nawo pa maliro. Wa tsidya lina alibe mwini.

Mayi aang'ono ndi munthu wamfupi, wosakonda zolankhulalankhula. Anatuluka, n'kulowa pakati pa anthuwo, n'kumugwira mwanayo pa lamba wa kabudula ngati akufuna kukamulanga okha. Anthu anawapatsa njira poganiza kuti mwini katundu ayambe ndiye. Iwo anamukokera m'golosale, n'kundiuza kuti nditseke chitseko ndi mpiringidzo. Kenako anayankhula pawindo: "Sopo ndi wanga, mlandu ndi wanga. Amene waberedwa pano kupatula ine, abwere anene chimene chasowa." Palibe anabwera. Anthu anang'ung'udza, ena anawanena kuti akuweta akuba, koma pang'onopang'ono anabwerera ku malonda awo. Mwanayo anakhala pa thumba la mchere, mlomo ukuchucha magazi, akubisa phazi lopanda nkhwaira kumbuyo kwa linzake.

Ndakhala ndikudzifunsa kuti mkwiyo wotere umachokera kuti, pakati pa anthu amene ndi amodzi. M'chaka cha 1986, pamene asilikali a Renamo analanda tauni ya Milange, anthu anathawira tsidya la Muloza ali chimanjamanja, ndipo midzi ya ku Mulanje inawapatsa malo ndi chakudya. Pofika nthawi ya pangano la mtendere la ku Rome pa 4 Okutobala 1992, Malawi inali ikusunga othawa nkhondo pafupifupi 1 miliyoni. Bambo anga aang'ono anali mmodzi wa iwo, ndipo ndi mmene anadziwirana ndi mayi aang'ono. Masiku ano chimanga cha ku Milange n'chimene chimapulumutsa maboma a kummwera kwa Malawi chaka cha njala. Anthu amene anadyetsana chonchi sayenera kuphana chifukwa cha sopo.

Komabe kumenya wakuba pagulu kuli ndi mizu yake. Ku Mozambique, m'chaka cha 1983 boma linakhazikitsa lamulo lolola kukwapula anthu pagulu pa milandu ina, kuphatikizapo kuba ndi malonda a katangale, ndipo linathetsedwa mu 1989. Achikulire a ku Milange amakumbukirabe chamboko. Boma linasiya, koma maganizo oti wakuba mankhwala ake ndi mkwapulo anthu akuonerera anatsala m'mitima. Katswiri wa za chikhalidwe cha anthu Carlos Serra, wa pa yunivesite ya Eduardo Mondlane ku Maputo, anafufuza kwa zaka zambiri za kuphedwa kwa anthu ndi magulu okwiya m'dzikolo, ndipo anaonetsa kuti mchitidwewu umakula pamene umphawi wafika pakhosi ndipo anthu ataya chikhulupiriro mwa apolisi ndi makhoti. Ife a m'malire tinaona kumene gulu lingafike m'chaka cha 2017. Pakati pa chakacho apolisi a ku Mozambique analengeza kuti amuna adazi akuphedwa m'boma la Milange chifukwa cha zikhulupiriro, ndipo patangopita miyezi yochepa mphekesera za anamapopa zinagwedeza Mulanje, Phalombe ndi Thyolo. Anthu osalakwa anaphedwa, mpaka bungwe la United Nations linachotsa antchito ake ena m'maboma a Mulanje ndi Phalombe. Gulu limene limapha mlendo chifukwa cha mphekesera ndi lomwe lija limamenya mwana chifukwa cha sopo. Silifunsa umboni, ndipo likabalalika palibe amene amavomera kuti ndiye anaponya mwala woyamba.

Ukafunsa amalonda chifukwa chake sangopereka wakuba kupolisi, yankho ndi limodzi mbali zonse ziwiri: "Timupereke lero, mawa timuone akuyenda mumsika muno?" Dandaulo limeneli ndimalimva, koma pali zina zimene sitifotokozerana. Ku Malawi, gawo 42 la malamulo oyendetsera dziko limati womangidwa aonekere kukhoti pasanathe maola 48, apo ayi atulutsidwe. Belo si kukhululuka mlandu, munthuyo amayenera kubwereranso kudzayankha. Chimene chimapha milandu yambiri ya mumsika n'chakuti wodandaula sabwera kudzaperekera umboni. Atseke okala tsiku lonse, alipire galimoto kupita kukhoti, mwina mlandu n'kuimitsidwa kuti adzabwerenso, zonsezi chifukwa cha paketi ya shuga? Amasiya, mlandu n'kuzizira, ndipo msika wonse umaphunzira kuti lamulo siligwira ntchito. Ulendo wotsatira amatenga mpini.

Chonsecho lamulo likagwira, limagwira zolimba. Gawo 278 la malamulo a milandu ku Malawi limati wakuba angathe kuseweza mpaka zaka 5. Majisitireti amayang'ana mtengo wa chinthu, msinkhu wa munthu ndiponso ngati ndi kabwerebwere, ndipo kuyambira cha m'ma 2000 makhoti ali ndi mphamvu yopereka chilango chogwira ntchito zothandiza anthu, monga kusesa pachipatala kapena kulambula msewu, m'malo mwa ndende. Chilango chimenechi ndi chanzeru, chifukwa ndende zathu n'zodzaza. M'chaka cha 2009, pa mlandu wa Gable Masangano, khoti linagamula kuti kuthithikana kwa akaidi m'ndende za Malawi n'kuphwanya malamulo oyendetsera dziko. Kutumiza wakuba sopo kumalo otere ndiko kumupereka m'manja mwa akatswiri othyola nyumba kuti amuphunzitse ntchito. Ku Mozambique chilango cha kuba chimakwera malinga ndi mtengo wa chobedwacho, ndipo kuyambira mu 1992 kuli makhoti a m'madera amene amaweruza timilandu ting'onoting'ono moyanjanitsa anthu, wolakwa n'kubweza kapena kulipa. Mbali zonse ziwiri, munthu akapezeka wolakwa kukhoti dzina limalowa m'mabuku, ndipo tsiku limene adzafune ntchito yaulonda kapena ya m'boma, n'kufunsidwa chikalata chosonyeza kuti sanapalamulepo, sopo uja adzatulukira.

Mtsinje nawo umasintha mlandu. Ku Malawi mwana wosakwana zaka 10 saimbidwa mlandu, ndipo lamulo losamalira ndi kuteteza ana la 2010 limalimbikitsa kuti mwana wopalamula kamlandu kakang'ono asapite kukhoti, koma alangizidwe, apepese kapena abweze, makolo ake alipo. Okanika ndi amene amapita kumalo osinthira khalidwe ku Mpemba kapena ku Chilwa. Ku Mozambique msinkhu woyankha mlandu umayambira zaka 16. Koma wamkulu akagwidwa tsidya limene si kwawo, mavuto amabwera awiriawiri. Ngati anawoloka pa dooko, alibe chitupa, ndipo umenewo ndi mlandu wina. Wa ku Mulanje akaima m'khoti la ku Milange, nkhani imayenda m'Chipwitikizi, wa ku Milange akaima ku Mulanje mapepala ali m'Chingerezi. Abale oti amubweretsere chakudya m'chitokosi ayenera kuwoloka malire tsiku ndi tsiku, ndipo ena amamva mochedwa kuti mbale wawo ali kuti.

Mayi aang'ono sanapite kupolisi. Anatuma wakabaza wodziwa mudziwo kuti akaitane akuluakulu a mwanayo, n'kuitananso mlembi wa dera lathu kuti akhale mboni. Dzuwa litapendeka anafika amalume ake, bambo wothyola tiyi ku esiteti, chipewa chili m'manja. Anakana mpando, n'kunjuta pakhomo.

"Mayi, ndabwera ndi manyazi. Mwanayu ndi wa mlongo wanga, bambo ake anatisiya. Chimene munganene, ine ndimva."

"Dzukani achimwene, khalani pampando. Mwana ndi wathu tonse. Koma anene yekha chimene anatengera."

Mwanayo anakhala chete nthawi yaitali, kenako ananena motsitsa kuti anzake kusukulu amakana kukhala naye pafupi, amati amanunkha. Kunyumba sopo wosambira anatha kalekale, ndipo wotsala ndi wochapira yunifolomu basi. Amalume aja anatulutsa ndalama zokulungidwa m'kapepala n'kulipira sopoyo. Mayi aang'ono analandira, chifukwa anati akakana ndiye kuti aphunzitsa mwanayo kuti misozi imagula katundu. Atalandira anamupatsa sopoyo, poti tsopano anali wogula. Anamuuzanso kuti tsiku lina akadzasowa, adzabwere pakhomo adzanene, kope la ngongole lilipo.

Ndikanakonda nkhaniyi ikanathera pamenepo, koma mbiri inawoloka mtsinje mwanayo asanawoloke. Amene anaonerera anali anthu a m'midzi yomweyo, ndipo pofika Lolemba sukulu yonse inali itamva. Anzake anamupatsa dzina la mtundu wa sopo uja. Cholembera chikasowa m'kalasi, chikwama choyamba kusecha chinali chake. Pasanathe chaka tinamva kuti amutumiza kwa agogo ake kutali ndi malire, kuti akayambirenso kumene sakumudziwa. Khoti likapereka chilango limanena tsiku lotha. Chilango cha pakamwa pa anthu chilibe tsiku lotere, ndipo chimagwera ndi ena omwe. Mayi wogwidwa atabisa bulauzi ya pa kaunjika amavulidwa chitenje anthu akuona, masiku ano ena n'kumajambula pa foni kuti atumize pa WhatsApp. Mawa lake a banki m'khonde amamuchotsa, kumvano amamunong'ona, ndipo zaka zikapita, ankhoswe akamafufuza mbiri ya mwana wake wamkazi, pamapezeka wina wonena kuti, "Banja limenelo lili ndi dzanja." Mwana amene anali kumbuyo tsiku limenelo amalipira bulauzi imene sanaione.

Sindikufuna kunamiza munthu kuti onse akuba mumsika ndi ana osowa sopo. Njala ilipo, inde. Namondwe wa Freddy mu Malichi 2023 anakokolola midzi ndi minda ku Muloza ndi madera ozungulira phiri, ndipo mu Novembala chaka chomwecho kwacha inagwa ndi 44 pa 100 iliyonse, mitengo ya m'golosale n'kukwera nthawi imodzi. Koma anthu ambiri amene anataya zonse sanabe. Anakankha njinga za chimanga, anathyola tiyi, anagona ndi njala. Kunena kuti umphawi ndiwo umabetsa n'kuwanyoza anthu amenewa. Aliponso amene kuba ndi ntchito yawo. Amabwera awiri, wina amachita makani pa mtengo wa chitenje, kufunyulula ichi ndi icho, mnzake akulowetsa china m'jumbo. Pakatha ola limodzi katunduyo ali tsidya lina, akugulitsidwa theka la mtengo wake.

Apa ndi pamene mtima wanga umawawa kwambiri, chifukwa wogula katundu ameneyu ndi ife tomwe. Munthu akabwera ndi mafuta ophikira osatsegula, mtengo wake wotsika kuposa wa ku holoselo, timadziwa kumene achokera. Sitifunsa, timati ndi mwayi. Gawo 328 la malamulo a milandu ku Malawi limati kulandira katundu ukudziwa kuti ndi wobedwa ndi mlandu waukulu, koma sindinaonepo gulu likuthamangitsa wogula. Ena mwa amene amakuwa kwambiri mwana akagwidwa ali ndi zitenje zotere m'sutikesi kunyumba. Pakanapanda msika wa zobedwa, akuba a ntchito aja akanasiya okha, ndipo pakanatsala anjala ndi ana, amene nkhani zawo zimatha ndi kukambirana.

Golosale ya mayi aang'ono lero ili ndi waya kuchokera pa kauntala mpaka kudenga, ndi kabowo kopatsirana ndalama. Kale agogo ankalowa n'kukhala pa thumba la mchere lija, kununkhiza sopo, kupima nsalu pathupi, kucheza za mvula. Tsopano aliyense amaima panja n'kuloza ndi chala, wokhulupirika ndi wosakhulupirika yemwe. Umenewu ndi mtengo wina wa kuba umene sulembedwa m'kope lililonse, ndipo onse oona mtima akuulipira.

M'misika ya Limbuli ndi Milange mumatoleredwa ndalama tsiku lililonse la msika. Pa ndalama zimenezo ndikupempha kachipinda kamodzi kokhala ndi chitseko cholimba, koti wogwidwa azilowetsedwamo msanga mpaka apolisi kapena abale ake afike, ndi anthu awiri kapena atatu odziwika amene udindo wawo ndi kuima pakhomopo. Mafumu ndi alembi a madera a mbali ziwirizi amadziwana kale, amakumana pa maliro ndi pa maukwati. Asungirane manambala a foni, kuti mwana wa tsidya lina akagwidwa, pasanathe ola pakhale wamkulu wonena kuti ameneyo ndi wanga, ndikubwera. Ndipo wamalonda amene walolera kukaperekera umboni kukhoti, komiti ya msika imuyang'anire benchi yake tsiku limenelo ndi kumulipirira galimoto, kuti mlandu wa kabwerebwere uzifika kumapeto.